Amene anatseka chitseko ndi Al Neri

Yamikani: Moni nonse pagulu pano. Loweruka ndi Lamulungu magetsi anatichitira chifundo, ndiye ndinakhala pansi n'kuonera The Godfather, filimu ya banja la zigawenga la Corleone, yoyamba ya 1972 ndi yachiwiri ya 1974 motsatizana. Aka n'kachitatu kuzionera, koma ulendo uno maso anga sanali pa Michael kapena pa bambo ake, Vito. Anali pa mkulu wina amene mawu ake samveka kawirikawiri, Al Neri, mlonda wa Michael. Mukadzaoneranso mudzamuyang'ane. Ndi iye amene akuvala yunifolomu ya polisi n'kuwombera Barzini, mdani wa banjalo, pamasitepe. Ndi iye amene akutseka chitseko Kay, mkazi wa Michael, akuyang'ana, kumapeto kwa filimu yoyamba. Ndi iyenso amene akutenga Fredo, mkulu wake wa bwana wake, wa bere limodzi, kupita naye pa bwato pa nyanja ya Tahoe ngati akukawedza, n'kumuwombera munthu ali mkati mopemphera Tikuoneni Maria. Msuweni wanga amene ndimaonera naye akuti ameneyu ndiye mwamuna, wokhulupirika mpaka mapeto. Ine ndinagona ndi mseru. Pa awirife walakwa ndani?

Mavuto: Msuweni wakoyo ndi dolo, umugulire fanta. Aise, pa moyo uno ukafuna munthu woyenda naye usankhe Neri, osati Tessio. Tessio anadya nsima ya banja lija zaka zonsezo, tsiku la maliro a mdala n'kubwera ndi uthenga wa Barzini kuti amutchere Michael msampha. Neri sanagulitsepo munthu.

Anabanda ku Leeds: Achimwene a Mavuto, sanagulitse munthu, koma anapha angati? Ndipo a Yamikani, pali malo amodzi amene mwawadumpha. Pa maliro a mayi awo, Michael akumukumbatira Fredo, anthu onse akuona ngati abale agwirizana. Kenako Michael akudzutsa maso kuyang'ana Neri. Palibe mawu. Neri akuweramitsa nkhope pansi. Kuweramako n'chiyani? Wamva uthenga, ndipo akudziwa kuti chimene watumidwacho n'chonyansa. Anthu amati anyamata otere amangotsatira ngati akhungu. Wakhungu saweramitsa nkhope ndi manyazi. Uyu amaona bwinobwino.

Mavuto: Fredo anapereka m'bale wake kwa mdani wake Hyman Roth, zipolopolo zinalowa m'chipinda chogona mmene munali Kay. Mwaiwala zimenezo achemwali?

Anabanda ku Leeds: Sindinaiwale. Koma pofika nthawi imene anamupha ija, Fredo anali munthu wothyoka kale, wongokhalira kuphunzitsa mwana wa Michael kuwedza nsomba. Akanaopseza ndani?

A Gondwe: Ana inu, ndiloleni ndiikepo mawu. Ine buku la Mario Puzo ndinaliwerenga ndisanaonere filimuyo, ndipo muli zinthu zimene filimu sinazionetse. Neri anali wapolisi weniweni ku New York, yunifolomu ija sinali yobwereka. Anali wankhanza pa ntchito, mpaka anapha munthu pomumenya ndi tochi yake ya polisi, khoti n'kumupeza wolakwa. Apongozi ake ndi amene anakagwada kwa a Corleone, iwo n'kukonza kuti asalowe m'ndende. Kuyambira pamenepo moyo wake sunalinso wake. Tsono musanayambe kuyamikira kukhulupirika, funsani kaye kuti kunagulidwa bwanji.

Vito Corleone ndi wakatapila. Kungoti iye sabwereketsa ndalama, amabwereketsa chifundo. Filimu imayamba ndi zomwezo: Bonasera, mkulu wokonza mitembo uja, akubwera kudzalira za mwana wake wamkazi amene anyamata anamuvulaza, ndipo Vito akumuthandiza koma akumuuza kuti tsiku lina adzamufuna. Wakatapila wa ndalama ukamubwezera mwathana. Uyu ngongole yake ilibe tsiku lothera, chifukwa sanakuuze kuti ndi zingati.

Yamikani: Madala, apo mwandiphera. Wakatapila wa chifundo.

Mavuto: Chabwino, nanga Luca Brasi? Ameneyo ankamukonda mdala ndi mtima wonse. Chimunthu choopsa choncho kukhala pa ukwati n'kumayeseza mawu oti akanene kwa bwana wake ngati mwana wa sitandade 2 woloweza ndakatulo. Imeneyo si ngongole, n'chikondi.

A Gondwe: Ndipo chikondicho chinamufikitsa kuti? Anamutuma kuti akanamizire kuti wakhumudwa ndi banja la Corleone, akufuna kulowa kwa adani awo, a Tattaglia. New York yense ankadziwa kuti Luca sangamusiye Vito. Bodzalo linali loti palibe akanalikhulupirira, koma iye sanafunse, anavala chovala choteteza zipolopolo n'kunyamuka. Anamukhomerera dzanja pa tebulo ndi mpeni, n'kumupotokola khosi ndi chingwe. Chimene chinabwerera kwawo ndi nsomba zokulungidwa m'chovala chija. Maliro a Vito tinawaona, magalimoto ndi maluwa. Mtembo wa Sonny, mwana wamkulu wa Vito, tinauona bambo ake akuulirira. Luca ndani anamulira?

Kelvin ku Joni: Ndalowa mochedwa, ndinali pa shifiti. Inu mukukamba za ku America, ine ndikupatseni ya kuno. Tsotsi, ya 2005 ija inapata Oscar. Aliyense amakumbukira mnyamata ndi khanda m'chikwama cha pepala, koma muli gulu la anthu anayi. Atabaya bambo uja mu sitima, Boston yekha ndiye anasanza n'kuyamba kufunsa mafunso. Malipiro ake anamuphwanya nkhope. Aap, wonenepa uja, sanafunse kanthu, iye kwake kunali kutsatira Tsotsi kuyambira ali ana. Koma chimene chimandisangalatsa n'chakuti Aap anadzachoka. Tsiku limene Tsotsi anawombera Butcher, mnzawo wa m'gulu lomwelo, Aap anawerengera n'kuona kuti mawa ndi iye. Mkulu wa mu sitima uja atafa sanachoke. Anachoka imfa italowa m'nyumba.

Tiyamike: Chaona mnzako chapita. Ndiye kuti chimene chinamudzutsa si chikumbumtima, ndi mantha.

Kelvin ku Joni: Eya sisi. Koma anachokabe.

Tiyamike: Ine nonse mukundidabwitsa kuti mukulimbana ndi anthu ogwira mfuti. Munthu woipitsitsa m'mafilimu awiri aja ndi Tom Hagen. Loya. Wophunzira, wofatsa, suti yosita bwino, sakweza mawu, ndipo simudzamuona akuwombera munthu. Koma ndi iye anapita ku California kukadya chakudya chamadzulo ndi Woltz, mkulu wa kampani ya mafilimu amene anakana pempho la Vito, kutacha Woltz n'kudzuka ndi mutu wa hatchi yake pabedi. Ndi iye anafika m'chipinda chija mmene Senator Geary anadzuka pambali pa mtsikana wakufa, magazi ali ponseponse, n'kumutonthoza kuti mtsikanayo alibe abale, nkhani ithera pomwepo. Mtsikana waphedwa kuti agwire wandale pakhosi, Tom akuyankhula ngati akukambirana za lendi. Ndipo Neri ali chapomwepo pakhomo, ngati simunamuone a Yamikani.

Ndiye pali Frank Pentangeli, wa m'gulu la Michael amene anatembenuka kuti amuperekere umboni. Tom akupita kukamuona kumene asilikali ndi a FBI akumusunga, akusuta naye ndudu, akucheza za mbiri ya Aroma, mmene anthu ogalukira mfumu ankadziphera okha kuti mabanja awo asalandidwe chuma. Sanamuuze kuti udziphe. Anangomuyalira mphasa. Kenako tikuona Frank ali m'bafa, mitsempha yodula. Neri amafunika chipolopolo, Tom amangofunika mphindi zisanu ndi mawu aulemu.

Mavuto: Iwe Tiya, Tom anali mwana wamasiye wa mumsewu. Sonny anamutola n'kupita naye kwawo, mdala anamulera, anamulipirira sukulu mpaka kukhala loya. Umafuna atani? Awatengere ku polisi anthu amene anamuchotsa pa fumbi?

Tiyamike: Ndimafuna akane kamodzi kokha. Kamodzi. Michael anamufunsa ngati akufuna kuchoka, poti anali atapeza mwayi wa ntchito kwina. Khomo linali lotsegula. Anakhala.

A Gondwe: Ndipo taonani kuti ngakhale anachita zonsezo, sanamuyese wawo kwenikweni. Si wa ku Sicily, magazi ake ndi a Chijeremani ndi Chiairishi. Nkhondo itayandikira Michael anamuchotsa pa udindo wa mlangizi. Mwana wolera amagwira ntchito kawiri kuti aoneke mwana, ndipo amene anamulera amadziwa zimenezo.

Chisomo: Kkkk inu anthu mukuzitenga mozama. Ife tinakulira m'mavidiyo sho, pa benchi, katani yakuda pakhomo, womasulira akubwebweta zake. Mu Commando Arnold akupulula asilikali ngati akusenga udzu, ife kuwomba m'manja. Mwini filimu safa, anyamata a bwana ndi ofera. Ndani ankafunsa kuti mlonda wagwa padenga uja ali ndi ana?

Yamikani: Ndiye nkhani yake imeneyo Chisomo. Mafilimu a nkhonya amatiphunzitsa kuti anyamata aja ndi mitengo. Awa a Coppola, amene anapanga The Godfather, ndi Scorsese amakukakamiza kuwayang'ana kumaso.

Anabanda ku Leeds: Poti mwatchula Scorsese, ndiloleni nditalikitse pang'ono, mundikhululukire. Amene simunaonere The Irishman ya 2019 chifukwa choti ndi ya maola atatu ndi theka, mukudzimana. Filimu yonse ndi ya funso la a Yamikanili.

Frank Sheeran, amene akuseweredwa ndi Robert De Niro, anaphunzira kumvera ku nkhondo yachiwiri ya dziko lonse, ku Italy. Akuluakulu ankangomuuza kuti atenge akaidi apite nawo kuthengo ndipo asachedwe. Iye ankawapatsa fosholo, akumbe dzenje, akamaliza n'kuwawombera. Chimene chinkamudabwitsa si zimene iye ankachita, koma kuti akaidiwo ankakumba mwakhama, ngati kuti akakumba bwino awakhululukira. Atabwerako anakhala dalaivala wa thiraki yonyamula nyama, n'kukumana ndi Russell Bufalino, bwana wa zigawenga, ndipo ntchito inakhala yomweyo, anangosintha womutuma.

Kenako anamupereka kwa Jimmy Hoffa, mtsogoleri wa bungwe la madalaivala la Teamsters. Hoffa anamukonda zenizeni. Ankagona chipinda chimodzi m'mahotela, ankadya ayisikilimu ndi ana a Frank, mwana wake wamkazi Peggy ankamukonda Hoffa kuposa bambo ake omubala. Ndiye linafika tsiku la 30 July 1975. Russell akumuuza pa chakudya cham'mawa kuti zagamulidwa, akumukweza kandege kupita ku Detroit. Chimene chimandiwawa n'chakuti Hoffa anali wochenjera, sakanakwera galimoto ija. Anakwera chifukwa anaona Frank ali momwemo. Anamusankha Frank pa chifukwa chimenecho. Atalowa m'nyumba n'kuona kuti mulibe anthu, Hoffa akutembenuka kuti atuluke, akumuitana Frank kuti azipita limodzi, akuganizabe kuti ndi mnzake. Zipolopolo ziwiri kunkhongo.

Ine kuno ndimagwira ntchito yosamalira okalamba, ndiye theka la ola lomaliza linandigwira pena pake. Frank ali pa njinga ya olumala, mano a anzake anatha, onse anafa, akudzigulira yekha bokosi. Peggy anasiya kumuyankhula kuyambira tsiku limene anamufunsa chifukwa chake sanaimbire foni mkazi wa Hoffa. Akubwera a FBI awiri, akumuuza kuti aliyense anamwalira, ngakhale loya wake, palibenso woti amuteteze, angonena kuti ana a Hoffa adziwe. Akukanabe. Akusunga chinsinsi cha anthu amene ali m'manda. Ine ndikuona kuti sankateteza Russell. Akanaulula, akanayenera kuvomera kuti palibe anamugwira dzanja, anachita yekha. Kumvera kunali pobisalira pake.

Ndipo a Yamikani, mwayamba ndi chitseko. Filimu iyi imathera pa chitsekonso. Akupempha wansembe kuti asatseke chonse, asiye kampata, monga ankachitira Hoffa pogona. Palibe amene akubwera.

Yamikani: Achemwali, mwandipangitsa kuti ndiifunefune usiku uno.

A Gondwe: Mwafotokoza bwino mayi. Ndingowonjezera kuti tisasakanize filimu ndi mbiri. Nkhaniyo inachokera pa zimene Sheeran mwini wake anauza wolemba buku asanamwalire mu 2003, ndipo ambiri amene anafufuza za Hoffa amatsutsa kuti ndi iye anamupha. Mtembo wa Hoffa sunapezeke mpaka lero, khoti linangolengeza mu 1982 kuti anamwalira. Tsono mwina mkuluyo ananama. Koma taganizani munthu amene pa ukalamba wake akuona kuti chinthu chonyadira n'kunena kuti ndinapha mnzanga wapamtima chifukwa ananditumiza.

Mavuto: Chabwino, tiyeni tione mbali inayo. Amene sanakhulupirike zinawathera bwanji? Henry Hill wa mu Goodfellas. Anagwidwa ndi mankhwala mu 1980, n'kuimba nyimbo yonse ku khoti, Paulie amene anamulera kuyambira ali mnyamata n'kukafera m'ndende. Ameneyo ndiye ngwazi yanu?

Tiyamike: Ayi, ndipo filimuyo siyikunena choncho. Henry sanalape kanthu. Kumapeto akudandaula kuti akudya zakudya zosakoma ndiponso akukhala ngati munthu wamba. Anaulula chifukwa anaona kuti mnzake Jimmy akumaliza aliyense amene anadziwa za ndalama za Lufthansa zija, zimene anaba pa bwalo la ndege la JFK mu December 1978, pafupifupi madola 5 miliyoni. Ndipo atapita kwa Paulie ali pamavuto, anamupatsa madola 3,200 n'kumufulatira. Moyo wonse wotumikira, mtengo wake umenewo. Atambwali sametana.

Koma malo amene ine ndimaona kulephera kwenikweni mu Goodfellas ndi pa Spider, kamnyamata koperekera zakumwa kaja. Tommy, mnzake wa Henry, anakawombera phazi, anthu n'kupitiriza juga. Katabwerera ndi bandeji n'kumuyankha mwano kamodzi, anakapha pomwepo. Patebulo panali amuna akuluakulu angapo. Jimmy anakwiya, inde, koma mkwiyo wake unathera pa nkhani yoti akumbe dzenje ndani. Palibe anaimirira n'kutuluka. Sabata yotsatira onse anali limodzi.

Kelvin ku Joni: Ndipo m'moyo weniweni oulula ndi amene amapindula. Sammy Gravano, wachiwiri kwa John Gotti, bwana wa zigawenga ku New York, anavomera kuti anakhudzidwa ndi kupha anthu 19, anaperekera umboni mu 1992, Gotti n'kulandira moyo wonse m'ndende. Iye anamupatsa zaka 5.

Mavuto: Mwaona? Dziko lake ndi lomweli. Yudasi amadya bwino.

Chisomo: Nanga Lefty wa mu Donnie Brasco? Al Pacino yemweyo amene anasewera Michael, koma ulendo uno si bwana, ndi wantchito wotopa. Zaka zonsezo akutumikira, ena akukwezedwa iye ali pomwepo, mpaka kumaphwanya timakina tolipirira poimika galimoto kuti apeze makobidi. Atadziwika kuti mnyamata amene anamulowetsa m'gulu ndi wa FBI, anamuitana. Akudziwa chimene akumuitanira. Akuvula mphete, wotchi, akuika mu dilowa, akuisiya yotsegula kuti mkazi adzazione, akutuluka. Osathawa. Ine pamenepo ndinalira, sindinama.

A Gondwe: Lefty weniweni sanaphedwe, a FBI anamugwira asanafike, anadzamwalira ndi khansa mu 1994. Amene anaitanidwa n'kupita osabwerera anali Sonny Black, mu 1981. Koma funso ndi lomwelo. Nkhuku ikamapita yokha pa mpeni timati n'njolimba mtima?

Tiyamike: A Mavuto, mafilimu amatikometsera zinthu ndi nyimbo ndi masuti. Ndikupatseni za ku Sicily kwenikweni, kumene kunachokera zonsezi. Jaji Giovanni Falcone anaphedwa ndi bomba pa msewu wa ku Capaci pa 23 May 1992. Mmodzi mwa amene anakonza nawo, Santino Di Matteo, atagwidwa anayamba kuulula. Kuti amutseke pakamwa, Giovanni Brusca analamula kuti agwire mwana wake, Giuseppe, wa zaka 12. Amene anapita kukamutenga anadzionetsa ngati apolisi, anamuuza kuti akupita naye kwa bambo ake, mwana n'kukwera mosangalala. Anamusunga zaka ziwiri ndi miyezi, kumusamutsa malo ndi malo. Mu January 1996 anamupotokola khosi, thupi n'kulisungunula mu asidi. Brusca analamula, koma amene ankamupatsa chakudya masiku onsewo, amene ankalondera pakhomo, amene anagwira chingwe, anali anyamata okhulupirika. Ma Neri. Aliyense wa iwo anali ndi masiku mazanamazana oti atsegule chitseko. Brusca uja atagwidwa nayenso anaulula, ndipo anatuluka m'ndende mu 2021.

Anabanda ku Leeds: Mayo ine.

Kelvin ku Joni: Eish.

Chisomo: Komatu zoterezi sizili kutali. Tikayamba kutchula anyamata a zipani amene amanyamula zikwanje chifukwa cha kachasu ndi ka 5,000...

Woyang'anira gulu: A Chisomo, lamulo lachiwiri la gulu lino mukulidziwa. Ndale tizisiye panja. Pitirizani za mafilimu.

Chisomo: Pepani bwana, ndamvera. Mwaona, nanenso ndine Neri kkkk.

Mavuto: Ndakhala chete kanthawi chifukwa ndimalemba n'kufufuta. Ndinene basi, poti ambiri pano simundidziwa nkhope.

Ndinagwirapo ntchito ya udalaivala pa kampani ina, zaka zisanu ndi chimodzi. Bwana wanga anali munthu wabwino kwa ine, sindingamunamizire. Mayi anga atadwala anandipatsa galimoto ya kampani kukawatenga kumudzi. Atamwalira, bokosi anagula ndi iye, mafuta a maliro ndi iye, anabwera yekha kudzakhala pa siwa usiku wonse, bwana wathunthu pa mphasa. Abale anga ena sanachite zimenezo. Kuyambira pamenepo akanandiuza kuti lowa m'moto ndikanalowa.

Nthawi zina madzulo tinkanyamula katundu ku sitolo ya kampani kupita naye kumalo ena. Sindinafunse. Nditi sindinkadziwa? Ndinkadziwa. Katundu wa kampani sapita ku nyumba yosamaliza usiku. Owerengera chuma atabwera n'kupeza kuti zinthu zikusowa, mlandu unagwera mnyamata wosunga makiyi a sitoloyo. Bwana anandiitana mu ofesi, sanandiopseze, sanatchule za maliro. Anangoti Mavuto, mawa akufunsa, ukanene kuti galimoto imagona pa ofesi masiku onse. Ndinakanena. Mnyamata uja anali pompo, akundiyang'ana. Anamuchotsa ntchito popanda kalikonse, mkazi wake ali ndi pakati.

Ndiye mukamati Neri ndi chilombo, ine ndimamva kutentha. N'chifukwa chake ndimamuikira kumbuyo. Nkhani ndi imeneyo.

Yamikani: Akulu, sindinadziwe kuti funso langa lifika pamenepa. Pepani.

Mavuto: Usapepese aise, sunalakwe.

Anabanda ku Leeds: Achimwene, zikomo poti mwanena. Si zapafupi. Sindikuweruzani, koma sindikunamizaninso kuti munalibe chochita, chifukwa inu nomwe mwanena kuti munkadziwa. Chimene ndaona n'chakuti bwana wanuyo sanafunike kutchula za bokosi. Ankadziwa kuti mulikumbuka nokha.

A Gondwe: Nkhuyu zodya mwana zimapota wamkulu, timatero. Kuntchito zimayenda chobwerera: adya ndi akulu, kupotedwa ndi ana. Mwana wanga Mavuto, funso limene ndilibe nalo mtendere ndi lakuti, kodi bamboyo anabwera pa siwa paja chifukwa chokukonda, kapena ankasungitsa? Mwina zonse ziwiri. Vito nayenso ankawakondadi anthu ake. N'chimene chimapangitsa ngongole yotere kukhala yolemera, chifukwa sungathe kuloza kuti chinyengo chinayambira apa.

Mavuto: Madala, funso limenelo ndakhala nalo zaka. Ndimafuna ndikhulupirire kuti anabwera ndi mtima woona.

Tiyamike: Pali kafukufuku wina wotchuka wa Stanley Milgram ku yunivesite ya Yale, wa 1961, chaka chomwe Eichmann, mkulu wa chipani cha Nazi cha Hitler, ankazengedwa mlandu ku Jerusalem n'kumati ankangotsatira malamulo. Anthu wamba ankauzidwa ndi munthu wovala khoti la mu labu kuti azimuwombetsa mnzawo ndi magetsi akalakwitsa funso. Magetsiwo anali abodza koma iwo sankadziwa. Mwa anthu 40, anthu 26 anafika mpaka pa mavoti 450, mnzawo atasiya kale kukuwa. Ambiri ankatuluka thukuta, kunjenjemera, kudandaula, koma dzanja likusinikizabe. Ndipo awo analibe ngongole ya bokosi, anangopatsidwa madola ochepa. Sindikunena izi kuti ndikuchotsereni mlandu a Mavuto. Ndikunena kuti ife amene tikulemba molimba mtima panofe, ambiri tikanakhala mwa 26 aja.

A Gondwe: Koma 14 anakana, mwana wanga. Amenewonso tiziwawerenga.

Kelvin ku Joni: Mafilimu ali nawo okana. Training Day, Denzel akumupatsa wapolisi watsopano uja mfuti kuti aphe Roger, akumupatsa gawo la ndalama, mnyamata akukana zonse ziwiri. Ngakhale Tony Montana wa mu Scarface, chimbalangondo chija, anakana kuphulitsa galimoto mmene munali mayi ndi ana awiri.

Mavuto: Ndipo Tony anafera zomwezo. Mnyamata wa Training Day anapulumuka m'bafa muja mwa mwayi, chifukwa cha kachikwama ka mtsikana amene anamuthandiza masana. Wolemba filimu ndi amene anamupulumutsa. Henry Hill boma linamupatsa dzina latsopano ndi nyumba kutali. Ine ndikanakana, ndani akanandilembera mathero abwino? Lendi inali pakhosi, ana awiri ku sukulu.

Tiyamike: Mnyamata wa makiyi uja nayenso anali ndi lendi.

Mavuto: Ndikudziwa Tiya.

Tiyamike: Pepani, ndalankhula mothamanga.

Mavuto: Ayi, wanena zoona. Ndimamuona. Ali ndi kabenchi pafupi ndi depoti, amagulitsa ma chaja ndi zotchingira mafoni. Ndikamadutsa ndimawolokera tsidya lina la msewu. Chaka chatha anandiona, anakweza dzanja kundipatsa moni. Ndinayerekeza ngati ndikuyankha foni.

Anabanda ku Leeds: Nanga bwana uja?

Mavuto: Anandichotsa patatha chaka ndi theka, akuti kampani ikuchepetsa antchito. Ndikuganiza kuti sankafuna kuona tsiku ndi tsiku munthu amene akudziwa. Pa Khirisimasi amanditumizirabe uthenga wa mafuno abwino. Ndimayankha.

Chisomo: Akulu, mukapite pa benchi paja. Ngakhale kukagula chaja chabe.

Mavuto: Ndikanene chiyani ndikafika?

A Gondwe: Limenelo palibe pagulu pano angakuyankhire.

Yamikani: Ndabwerera pa malo a maliro aja amene munanena achemwali a Nabanda, ndaimitsa chithunzi. N'zoona, akuweramitsa nkhope. Sindinazionepo maulendo atatu onse. Funso lina: kodi Neri zinamuthera bwanji? Rocco, mnyamata wina wa Michael, anafera pa bwalo la ndege ku Miami atawombera Roth, ntchito imene aliyense ankadziwa kuti wopitayo sabwerera. Luca anafa, Tessio anafa. Neri anamupha ndani? Yachitatu sindinaionere.

A Gondwe: Palibe anamupha. Mu yachitatu ya 1990 alimo, imvi zili mbuu, akadali pambuyo pa Michael. Tom Hagen mulibe, akuti anamwalira, koma nkhani yeniyeni inali yakuti Robert Duvall, amene ankasewera Tom, sanagwirizane nawo pa malipiro. Neri yekha ndiye anafika kumapeto. Chakumapeto kwa filimuyo akumutuma ku Vatican, akukwera sitima ndi bokosi la maswiti mmene wabisamo mfuti, akukawombera bishopu wamkulu pamasitepe.

Kelvin ku Joni: Masitepe kachiwiri. Mkulu ameneyu ndi masitepe.

Mavuto: Yamikani, ukaipeza The Irishman ija undiikire pa fulashi. Ndidzadutsa Lachisanu ndikamaweruka.

Yamikani: Bwerani nayo yopanda kanthu akulu, ndi yaikulu.